Nyimbo Yogwera pa Chala

Mutu 6

1. Msewu wa ku Mangochi

Landirova ya kanema inadutsa Liwonde dzuwa litakwera kale. Kunatentha. Fumbi linkalowa paliponse, m'mphuno, m'makutu, m'thumba la malaya. A Simioni ankayendetsa okha. Pambali pawo panakhala Rowland, chikwama cha matepi chili pamiyendo.

A Simioni anali mkulu wa gulu lojambula makanema ophunzitsa anthu. Rowland ndiye ankapeka nyimbo zoika m'makanemawo. Anali ndi zaka makumi awiri. Anabadwira ku Ndirande, anakulira komweko, ndipo sankatha kukhala malo amodzi. Anaimbapo m'kwaya, anathawa. Analowa bandi ya pa hotela, anaisiya. Ntchito ya kanemayi yokha ndiyo inamugwira mtima.

Kanema wake woyamba anali m'chitini kuseri kwa mpando. Anali wa uvuni watsopano wowambira nsomba pa doko la Mpalume. Mawa lake eni doko anali kukamuonera koyamba.

"Chikwamacho ukuchigwira ngati khanda," anatero a Simioni. "Ukuopa chithawa?"

"Muli chuma changa m'menemu, bwana."

"Chuma chako chili pa chinsalu. Mawa dzina lako liwala anthu onse akuona. Ndipo ndikuuze. A Jeremiya, tcheyamani wa ku Mpalume, akakondwa, kanema wamkulu uja wa chaka chamawa ndi wako. Akakwinya nkhope, ubwerere ku hotela kuja ukaimbire zidakwa."

Asanalowe m'tauni anapeza mtengo utapingasa msewu. Anyamata a malaya ofiira anaima pamthunzi wa mlambe.

"Makadi a chipani."

Anatulutsa. Mnyamata wina anasuzumira pa zenera n'kugwira Rowland m'mutu.

"Tsitsi ili likufuna lumo, achimwene. Tsikani."

"Ndife a kanema," anatero a Simioni. "A Jeremiya akutidikira ku Mpalume."

Dzanja linachoka m'mutu mwa Rowland. Mtengo unakwezedwa msangamsanga. Palibe anafunsanso kanthu.

A Simioni anaseka atapita patali. "Waona? Dzina lokha limatsegula msewu. Tikawasangalatse bambo amenewa."

2. Kuseri kwa mathandala

Nyimbo ya pamapeto a kanemayo Rowland anaipeza miyezi ingapo m'mbuyomo, pa doko lomwelo. Tsiku limenelo anzake anali kalikiliki ndi kamera pa uvuni. Iye anatopa nazo. Anakoleka makina ojambulira mawu paphewa n'kuyamba kuzungulira. Ankafuna phokoso la mafunde ndi la nkhafi.

Kuseri kwa mathandala oyanikapo usipa anamva mayi wina akuimba. Anali yekha. Ankatembenuza usipa ndi manja onse awiri, maso ali pansi. Nyimboyo inali ya Chiyao. Inkayambira pansi n'kumakwera pang'onopang'ono, ngati munthu wokwera chitunda atasenza mtolo. Ikafika pamwamba inkaima. Kenaka inkagwa.

Rowland Chiyao sankachidziwa. Mayi ake anali a kunyanja komweko, koma ku Ndirande m'nyumba ankalankhula Chichewa basi. M'nyimbo yonseyo anagwiramo liwu limodzi, lomwe linali pamwamba penipeni paja. Chala. Liwu limeneli n'limodzimodzi m'zilankhulo ziwirizi.

Sanapemphe. Anangotsegula makina.

Mayi uja atatembenuka, nyimbo inadukira pakamwa.

"Mwaswera bwanji, amayi?"

"Ndaswera, mwanangu. Mwaima kalekale pamenepo?"

"Ayi, ndangofika kumene. Kodi ndinu mayi ndani?"

"Ndine Mwanabibi, mkazi wa Che Yasini. Nanga chili paphewacho n'chiyani?"

"Ndi wailesi, amayi. Yatha mabatire."

Tepi inali ikuzungulirabe.

Mayi Mwanabibi anamuyang'ana nthawi yaitali. "Ngati mwamva kanthu, mukasiye pompano. Ndi zathu amayi zimenezi. Sizipita kumsewu."

"Ndamva, amayi."

Anachoka akumwetulira. Mumtima ankati watola.

3. Kachipinda kopanda zenera

Ku Blantyre ntchito ya Rowland inali m'kachipinda kopanda zenera. A Simioni ankamupatsa zithunzi zopanda mawu. Iye ankazionera mobwerezabwereza mpaka maso kuwawa. Asodzi akamapalasa, ankaomba m'manja kutsata nkhafi zawo kuti apeze liwiro la nyimbo. Wofotokoza akamalankhula, nyimbo inkatsika kuti isalimbane naye. Injini ya boti ikamalira, nyimbo inkakhala chete. Izi anaziphunzira msanga.

Pomwe panamuvuta ndi pamapeto. Pamenepo a Jeremiya, tcheyamani wa chipani m'dera la Mpalume, ankaima patsogolo pa anthu, n'kukweza dzanja, n'kuloza uvuni watsopano. Kamera inayandikira kwambiri. Chala chawo chinkadzaza chinsalu chonse. Chinali chopindika kunsonga, chopanda chikhadabo.

Rowland anayesa ng'oma. Zinakana. Anayesa malipenga. A Simioni anati zikumveka ngati maliro a msilikali. Tsiku lina anaika tepi ya ku doko ija. Anamva liwu lija. Chala! Anadumpha pampando.

Mawu anawachotsa, anatsala ndi chuni chokha. Anachithamangitsa. Anachipatsa akodiyoni, pansi pake gitala ndi chisekese. Kenaka anayamba kuchikoka apa, kuchifupikitsa apo, mpaka pamwamba paja pankagwera ndendende pamene chala cha a Jeremiya chaima. Pamenepo anasiyapo kampata kopanda nyimbo, kongokwana kupuma kamodzi, kuti anthu aone bwino. Anthu a ntchito imeneyi palibe chimawakomera ngati chimenechi, nyimbo ndi chithunzi kukumana ngati zinapangana.

A Simioni ataonera anamenya tebulo. "Iwe! Nyimbo imeneyi waiba kuti?"

"Pa doko pomwe paja, bwana. Tepi yake ndili nayo."

Akuluakulu oona makanema asanatuluke anamuoneranso. Sanapezemo mawu oipa, chifukwa munalibe mawu. Anamuloleza.

4. Limba la a Jenkins

Atafika ku Mangochi, a Simioni anatsala pa nyumba ya alendo. Rowland anaoloka mtsinje n'kukwera lole ya nsomba yopita kumishoni. Ankafuna amalume ake amve zomwe wachita.

A Jenkins anali mlongo wawo wa mayi ake, mphunzitsi wopuma ntchito. Lamulungu lililonse ankaimba limba m'tchalitchi cha Angilikani. Ndiwo anamuphunzitsa Rowland kudina limbalo, pa tchuthi, ali wamng'ono.

Anawapeza m'tchalitchi momwemo akumata mvukuto wa limba ndi chubu cha njinga.

"Ndani uyu? Mlendo wa ku Blantyre! Mayi ako ali bwanji? Tsitsilo akulola nalo m'njira?"

"Ali bwino, amalume. Dikirani, musandifunse zambiri. Mverani kaye."

Rowland anakhala pampando, anaponda mvukuto, anayamba. Chuni chinakwera. Asanafike pamwamba, a Jenkins anatsitsa chivindikiro cha limba. Zala za Rowland zinangotsala pang'ono kupanidwa.

A Jenkins anapita kukatseka chitseko. Anasuzumira pa mazenera onse. Atabwerera, mawu awo anali otsika.

"Waitenga kuti?"

Rowland anafotokoza. Za mathandala, za mayi Mwanabibi, za chala cha pa chinsalu. Za wailesi yakutha mabatire sananene.

"Chala cha yani?"

"Cha a Jeremiya, amalume. Zagwirizana bwino kwabasi. Mukanaona."

A Jenkins anakhala pa benchi.

"Sendera kuno. Ndikuuze zimene mayi ako sanakuuze, chifukwa ku Blantyre zimenezi sazikamba. Uli mwana, kuno kunavuta. Kunali anthu ena m'mapirimu amene anakangana ndi boma. Za iwowo sindikuuza. Ndikuuza za Mpalume. Tsiku lina kunafika malole odzaza anthu a mfuti. Amuna onse anawakhazika pamchenga. Anthu a mfuti aja anali alendo, sankadziwa aliyense. Ndiye anabwera ndi munthu wa pomwepo atamuveka chiguduli kumutu, chobowola pamaso pokha. Iye sankalankhula. Ankangotulutsa dzanja n'kuloza. Wolozedwa ankakwera lole. Ena anabwerako atatha thupi. Ena mpaka lero. Che Yasini, amuna awo a Mwanabibi, mpaka lero.

"Nkhope ya munthu uja amayi sanaione. Chala anachiona. Chinali chopindika kunsonga, chopanda chikhadabo."

Rowland anayang'ana limba.

"Chaka chotsatira a Jeremiya anakhala tcheyamani. Amayi aja sakanatha kupita kubwalo. Sakanatha kulira maliro, chifukwa mtembo panalibe, ndipo wolirira munthu wotengedwa naye ankatengedwa. Ndiye anapeka nyimbo. Aliyense amaikamo dzina la mwamuna wake. Mayina ndi amene amakwera pang'onopang'ono paja. Ikafika pamwamba imafunsa funso limodzi. Chala chija n'cha yani? Pa doko lonse lija palibe amene salidziwa yankho. Palibenso amene analitchulapo. Iwe tsopano walitchula. Walijambula, walikuza, ukukalipachika pa chinsalu."

"Koma mawu ndinachotsa, amalume. Ndinaithamangitsanso. Pano ndi ya dansi. Ndani angaizindikire?"

"Ine ndaizindikira usanafike pakati. Unachotsa mawu m'tepi. M'mitu mwa anthu unachotsamo? Lamulungu ndikayamba nyimbo pa limbali sinditchula liwu. Ndimangoponda n'kudina, mpingo wonse umadziwa poyambira. Chiyao chili ngati Chinyanja chathu. Mawu ake ali ndi pokwera ndi potsika, ndipo chuni chimatsata mawuwo. Munthu wa kuno akamva chunicho, mawu amabwera okha pakamwa, afune asafune. Akodiyoni yakoyo ikaimba Chiyao chomveka bwino kuposa changa.

"Ntchito yakoyi ndi yoopsa kuposa ya a Simioni. Iwo amaonetsa anthu chithunzi. Iwe umawauza kuti chithunzicho achimve bwanji mumtima, iwo osadziwa n'komwe kuti wawauza. Munthu wogwira ntchito yotere satola nyimbo ngati nkhuni. Amafunsa mwini wake. Amafunsa kuti imaimbidwa liti, amaimba ndani, ikunena chiyani. Iwe unamva liwu limodzi n'kuganiza kuti wamva nyimbo yonse."

Kunja mphepo ya mwera inkagwedeza malata. Rowland anakumbatira chikwama chake.

"Ndiye nditani?"

"Zinthu ziwiri. Mawa uwauze a Simioni zoona zake. Atseke mawu a kanemayo, afotokoze okha pa sipika, monga amachitira makina akavuta. Chachiwiri, tepi ili ndi mawu a mayi uja undipatse. Ndikaiponya pamoto pompano."

"Muli zina m'menemo, amalume. Mafunde, nkhafi, asodzi akukoka khoka. Ndikuzifuna pa kanema wamkulu."

"Mafunde sanathe m'nyanjamu."

"Nanga akatseka mawu, ine ndiye kuti ndagwira chiyani? Dzina langa lituluke pa chinsalu popanda nyimbo? Ana a Mpalume andiseke?"

"Akuseke. Iwe mkuja uli ku Blantyre, udzapeka ina. Mayi uja atsala pano ndi a Jeremiya. A Jeremiya nyimbo imeneyi amaidziwa. Chimene alibe ndi munthu woti amugwire nayo pakamwa. Usawapatse."

A Jenkins anatambasula dzanja. Rowland sanatsegule chikwama.

"Ndikafufuta ndekha mbali yokhayo. Makina ali m'galimoto."

"Rowland."

"Ndikafufuta, amalume. Ndalumbira."

A Jenkins anabweza dzanja lawo. Anatola chubu cha njinga chija, koma sanamatenso.

5. Pa doko

M'mawa Landirova inalowa pa doko la Mpalume. Mabwato onse anali pamtunda. Msika unali wotseka. Anyamata a malaya ofiira ankayenda nyumba ndi nyumba kuitana anthu ku kanema.

Kanemayo anakonza kumuonetsa masana, m'shedi yosungiramo nsomba. A Simioni ankakhoma ziguduli m'mazenera, misomali ili pakamwa. Rowland anaima pansi pa makwerero.

"Bwana."

"Mmm?"

"Bwanji lero tionetse opanda mawu? Mufotokoze nokha pa sipika."

A Simioni analavulira misomali m'dzanja. "Anakudyetsa chiyani amalume ako? Miyezi yonse ija ukundigonthetsa m'kutu ndi akodiyoni, lero ukuti titseke? Chavuta n'chiyani?"

Anali awiri okha. Panalibe wina womva. Rowland anatsegula pakamwa. Anaona chinsalu choyera chitapachikidwa kale kukhoma, pamene dzina lake linali kudzaonekera.

"Palibe, bwana. Mantha chabe."

"Mantha! Aliyense amatero tsiku loyamba. Ine kanema wanga woyamba ndinathawira kuchimbudzi. Ndipatse hamala iyo."

Rowland anapereka hamala. Kenaka anapita ku galimoto. Anaika tepi ija pa makina, anavala zomvera m'makutu. Mafunde. Nkhafi. Kenaka mawu a mayi Mwanabibi, akukwera. Anali okoma kuposa akodiyoni yake, ndipo iye anadziwa zimenezo. Chala chake chinafika pa batani lofufutira. Chinakhalapo. Chinachokapo.

"Ndifufuta tikamaliza," anadziuza yekha. Anabweza tepi kumayambiriro a nyimbo n'kuiika m'chikwama.

Pakhomo pa shedi anakumana ndi mayi Mwanabibi maso ndi maso. Anali atafunda nsalu kumutu, mkeka uli m'khwapa.

"Mwanangu uja wa wailesi," anatero mayi Mwanabibi. "Inapeza mabatire?"

"Inapeza, amayi."

"Chabwino. Akuti ifenso tilimo m'kanemamu. Tikadzione mmene takalambira."

Analowa akuseka.

6. Kampata kopanda nyimbo

M'shedi munali mdima ndi fungo la utaka wouma. Ana anakhala kutsogolo. Amuna pa mabenchi. Amayi kumbuyo, pa mikeka. A Jeremiya anakhala pa mpando wa ndalema pakati, atavala jekete ngakhale kunkatentha chotero. Anyamata awo anaima pakhomo.

Jenereta inalira panja. Chinsalu chinawala. Dzina la Rowland linatuluka, loyera, lalikulu. Ana a sukulu analiwerenga mokweza, molakwitsa. Iye anamva kukoma mpaka m'mawondo.

Anthu anayamba kudziona.

"Si Che Awa awo? Onani mmene akuthawira kamera!"

"Bwato langa ilo! Lajambulidwa mbali yobowoka!"

"Iwe, mimba imeneyo n'njako kapena ndi ya kanema?"

Kunali phwete. Nyimbo ya nkhafi inayenda bwino, amuna ena ankagwedeza mapewa. Rowland anapuma. Amalume ake akalamba basi, anaganiza choncho.

Kenaka uvuni unaoneka. Akodiyoni inayamba.

Ana anaomba m'manja. Amuna ena anapitiriza kuseka. Koma kumbuyo kunazizira. Kachetechete anayambira pa mikeka, anafika pa mabenchi, anafika kwa ana. Mwana wina anaombabe yekha, mayi ake anamukoka mkono.

Pansi pa akodiyoni panamveka china. Sanali mawu. Anali amayi akuimba cham'mero, milomo ili yotseka. Mmodzi, awiri, kenaka mikeka yonse. Malata ankachita ngati akunjenjemera nawo.

"Ndani akuimba?" anakuwa mnyamata wa pakhomo. Anayatsa tochi n'kuunika kumbuyo. Pakamwa paliponse panali potseka.

Pa chinsalu a Jeremiya anakweza dzanja. Chuni chinakwera nalo, ndendende monga Rowland anakonzera. Chala chinadzaza khoma lonse, chopindika, chopanda chikhadabo. Nyimbo inaima.

M'kampata kaja palibe analankhula. Panalibe chifukwa. Mitu yonse, ya amuna, ya amayi, inatembenuka pang'onopang'ono kusiya chinsalu. Inayang'ana dzanja lomwe linali pa bondo, pa mpando wa pakati.

A Jeremiya analowetsa dzanjalo m'thumba la jekete.

Akodiyoni inagwa, inamaliza mokondwa. Chinsalu chinayera. Filimu inkangomenya makina, phaphapha, mpaka a Simioni anazimitsa.

7. Batani

"Amuna ndi ana apite kwawo," anatero a Jeremiya, osakweza mawu. "Amayi akhale panja. Pamchenga. Asachoke wina."

M'shedi munatha anthu. Munatsala a Jeremiya, anyamata awo, a Simioni ndi Rowland. A Simioni ankapukuta thukuta, akumwetulirabe. Sanamvetse chimene chachitika.

"Kanema wabwino," anatero a Jeremiya. "Uvuni waoneka bwino. Ine ndaonekanso bwino. Wopeka nyimbo ndi uti?"

"Ndi uyu, bwana tcheyamani. Mwana wa konkuno kuchikazi. Mwaona mmene anthu aikondera? Mpaka kuimba nawo!"

"Ndaona." Anatembenukira kwa Rowland. "Achimwene a ku Blantyre. Yomalizira ija, munaipeka nokha?"

Rowland anagwiritsa chikwama chake. "Ndekha, bwana. Inangondibwerera m'mutu."

"Aa, iwe, usadzitame pamaso pa akuluakulu," anaseka a Simioni. "Anaitola pa doko pompano, bwana. Tepi yake ali nayo m'chikwamamo. Sasiyana nacho, amagona nacho."

Palibe anaseka nawo. Kumwetulira kwa a Simioni kunayamba kuchoka.

A Jeremiya anakoka mpando wawo kufupi ndi tebulo.

"Ine nyimbo ndimazikonda, achimwene. Imeneyi zaka zonsezi ndimangoimvera kutali. Kuseri kwa mathandala, kuchitsime, kumaliro. Ndikayandikira, yatha. Ndikafunsa, akuti ndi mphepo. Ndakhala ndikufunitsitsa kudziwa kuti mawu okoma chotero ndi a yani. Inu mwachokera kutali kudzandithandiza. Anyamata, katengeni makina m'galimoto."

Makina anabwera. Anawaika patebulo. Mnyamata wina anakhuthula chikwama, matepi anamwazika.

"Ndi iti?"

Rowland anayang'ana matepi aja.

"Tikhoza kuwamvera onse, mmodzimmodzi. Amayi aja adikira padzuwa. Azolowera kudikira. Koma ndikaipeza ndekha, inu ndi abwana anuwa ku Blantyre simubwerera ndi galimoto iyi. Mukwera ina."

A Simioni anagwira khoma. "Rowland. Ipereke. Chonde, mwana wanga, ndili ndi ana."

Rowland anatola tepi ija. Manja ake anaidziwa okha ntchito. Anaiika, anaikoleka, anaikunga. Inali pomwe anaisiya m'mawa, pamayambiriro a nyimbo. Nyimbo ikatha panali moni. Moni akatha panali dzina.

Chiguduli cha pa zenera chinali chobowoka. Pabowopo ankaona mchenga woyera ndi amayi atakhala m'mizere. Mayi Mwanabibi anali kutsogolo, mkeka wawo uli pamiyendo. Sankayang'ana pansi ngati anzawo. Ankayang'ana shedi.

"Mabatire alimo?" anafunsa a Jeremiya.

"Alimo, bwana."

A Jeremiya anatulutsa dzanja m'thumba muja n'kuloza makina.

"Dinani."

Rowland anayang'ana patebulo. Pa batani panali chala, chowongoka, cha chikhadabo chabwinobwino. Chinali chake.